Kodi Nthaŵi Ikang'ambika Imasokeka?

Aliyense amene anadutsapo madzulo pa msika wa Ntaja kapena wa Nselema anamvapo phokoso lochokera m'tinyumba toonetsera mafilimu omasuliridwa m'Chicheŵa. Makolo ambiri timangodandaula kuti ana akutaya nthaŵi, koma sitifunsa chimene akuphunzira m'menemo. Tiyeni lero tiunike limodzi filimu imodzi yotchuka, Avengers: Endgame, imene Anthony ndi Joe Russo anatulutsa m'chaka cha 2019.

Nkhani yake ndi nthano chabe. Chiphona china, dzina lake Thanos, chinasonkhanitsa miyala 6 yamphamvu, nkufafaniza theka la zamoyo zonse, kenaka nkuphwanya miyalayo. Patapita zaka zisanu, ngwazi zotsala zinapeza njira yobwerera m'mbuyo, ku zaka za 1970, 2012, 2013 ndi 2014, kukabwereka miyala ija isanaphwanyidwe, kuti ziukitse otayikawo.

Apa mpamene pali nzeru ya filimuyi. Ngwazizo zikuchenjezedwa kuti mwala ukachotsedwa m'nyengo yake, nthaŵi imang'ambika nkuphuka nthambi ina yodzaza ndi mavuto. Mankhwala ake ndi amodzi okha: mwala uliwonse ubwezedwe pamalo pomwe unatengedwa, pa ola lomwelo. Motero wolemba nthanoyi akuvomereza zimene makolo athu ananena kale, kuti madzi akatayika saoleka. Zakale sizisinthika, chotheka nkubweza chimene unatenga. Ndiponso si onse amene akubwerera: Natasha Romanoff, amene anapereka moyo wake kuti mwala umodzi upezeke, sakuukanso.

Komabe filimuyi ili ndi zofooka ziŵiri. Choyamba, miyandamiyanda ya anthu ikuuka pa kamphindi, munthu mmodzi atangothyola chala, ngati kuti kukonza choonongeka ndi ntchito ya ngwazi imodzi. Chachiŵiri, Steve Rogers, amene anatumidwa kukabweza miyala, akusankha kutsalira m'nyengo yakale pamodzi ndi mkazi amene ankamukonda. Omvera amasangalala, koma wolemba wapindika lamulo limene anadziikira yekha, pofuna kutitonthoza.

Ife a kuno tili ndi chitsanzo choposa nthanoyi. Nyanja ya Chiuta, imene tigaŵana ndi anzathu a ku Mozambique, ndi yosaya, ndipo madzi ake amapita ku Amaramba ndi ku mtsinje wa Lugenda. Asodzi obwera atafika ndi makoka a nkacha, a maso ang'onoang'ono, anayamba kukokolola nsomba pamodzi ndi ana ake omwe, nkuvundula madzi amene anthu ankamwa. Kupha nsomba yosakhwima nkuba chakudya cha maŵa: ndiko kung'amba nthaŵi kwenikweni. Cha m'ma 1995 asodzi a ku Chiuta anapanga makomiti a m'madooko, naletsa makokawo. Sanabweze nsomba zimene zinadyedwa kale, ayi. Anabwezera nyanja mpata woti iswane. Ntchitoyo sinachitike ndi chala chimodzi: inafuna misonkhano, mikangano, kulondera ndi kupirira kwa zaka zambiri. Nayonso nyanja ya Chilwa, imene yalekana ndi Chiuta ndi mtunda wa mchenga chabe, inauma mu 1968 ndi mu 1995, ndipo matemba anabwerera pang'onopang'ono madzi atadzaza.

Tsono inu makolo, mwana akabwera kuchokera ku filimu yotere, musathamangire kumukalipira. Mufunseni kuti: kodi miyala ija anaibwezeranji? Kuchokera pamenepo mungathe kukamba za mbuzi ya mnansi imene sinalipiridwe, za malire a munda amene anasunthidwa usiku, za mbiri ya mnzathu imene tinaipitsa pa chitsime. Dzulo silibwerera kwa wina aliyense, koma chimene tinatenga dzulolo chikadali m'manja mwathu, ndipo mwini wake tikumudziŵa.