Buku la Chipembere likuthera pomwe nkhani ikuyambira

Buku la malemu Henry Masauko Chipembere lotchedwa Hero of the Nation, lomwe a Kachere adasindikiza ku Zomba mu 2001 litakonzedwa ndi Robert Rotberg, ndi lokoma kuwerenga koma limakusiya ndi njala. Mwini wake adamwalira ku America mu 1975 ali ndi zaka 45 zokha, asanamalize kulemba. Motero mbiri yake ikuduka isanafike pomwe ambirife timadikira, pa mkangano wa Kamuzu ndi nduna zake mu 1964.

Zomwe zilimo n'zogwira mtima ndithu. Tikuona mwana wa wansembe wa Anglican akukula, akupita ku Goromonzi, kenaka ku Fort Hare, n'kubwerako ndi digiri kudzagwira ntchito m'boma la atsamunda. Mu 1956 akulowa m'Nyumba ya Malamulo ku Zomba, mmodzi mwa Amalawi asanu okha, ali ndi zaka 25. Iye ndi Kanyama Chiume adawapanikiza azungu ndi mafunso pa nkhani ya chitaganya mpaka buku la zokambirana za m'nyumbayo, Hansard, lidayamba kugulidwa ngati zitumbuwa. Aphungu athu ena omwe amangokaombako m'manja akanawerenga mbiri imeneyi kawiri.

Vuto langa lili pa dzina la bukuli. Ngwazi ya fuko? Chipembere amene adali patsogolo kulembera makalata Dr Banda kuti abwere kudzatsogolera Congress. Lipoti la Devlin la 1959 lidaulula maganizo ake m'makalatawo: akuti kuti ndale zitheke anthu amafuna munthu mmodzi womutamanda ngati mpulumutsi, ndipo achinyamatawo adali okonzeka kumukweza motero. Adachitadi. Banda atatsika ndege ku Chileka pa 6 July 1958 adapeza fano atamusemera kale. Zaka zisanu ndi chimodzi pambuyo pake fanolo lidatembenukira osema ake. Munthu amene adaona ndi maso ake zotsatira za mawu oti "ngwazi" sindikhulupirira kuti akanakondwa kuvekedwa chipewa chomwecho pachikuto.

Komanso tisanamizane, Chipembere sadali wofatsa pakamwa. Atatuluka m'ndende mu 1960 adamangidwanso chifukwa cha zomwe adalankhula pamsonkhano, ndipo adatuluka mu January 1963 kudzakhala nduna yoona za makhonsolo, kenaka ya maphunziro. Omwe ankatsutsana ndi Malawi Congress Party masiku amenewo sankamuona ngati mtetezi wawo. Wowerenga aliyense ayenera kusunga zimenezi kumutu, chifukwa munthu wolemba mbiri yakeyake ali ku ukapolo amasankha zoti akumbukire.

Kwa ife a kuno ku Phalula, gawo losowalo ndi lomwe lili pakhomo pathu. Usiku wa pa 12 February 1965 Chipembere ndi anthu ake pafupifupi 200 adalanda boma la Fort Johnston, yomwe lero ndi Mangochi, n'kuuyatsa ulendo wa ku Zomba. Adakafika pa Liwonde, tsidya lino la Shire, n'kupeza pantoni yamangidwa tsidya linalo. Nkhondo yonse idathera pagombe pamenepo. Ndikanakonda kumva mwini wake akufotokoza zomwe ankaganiza ataima m'mbali mwa madzi amenewo, komanso zomwe ankayembekeza kukachita ku Zomba akanawoloka. Iye adatha kutuluka m'dziko chaka chomwecho. Medson Silombela, yemwe adapitiriza nkhondoyo kuthengo, adanyongedwa ku Zomba mu 1966, ndipo midzi ya ku Mangochi idalipira kwa zaka zambiri.

Colin Baker adayesa kutseka mpatawu ndi buku lake Chipembere: The Missing Years la mu 2006. Ndi ntchito yothandiza, ndipo mabuku awiriwa ayenera kuwerengedwa limodzi. Koma Baker ndi munthu wa mafailo, yemwe adagwirapo ntchito m'boma la atsamunda lomwelo. Amakuuza tsiku ndi malo, pomwe mawu a Chipembere mwini ali ndi moto wa munthu wapansanja.

Mabuku onsewa ali m'Chingerezi. Zidzukulu za anthu omwe adayenda naye usiku uja zimalankhula Chiyao ndi Chichewa, ndipo zambiri mwa izo dzina la Masauko Chipembere zimangolidziwira pa msewu waukulu wa ku Blantyre uja, womwe kale unkatchedwa Kamuzu Highway.