Kodi Kampani ya Niassa inali yofooka kwa yani?

Atsogoleri anzathu a makalasi, ambiri mwa inu mumafuna nkhani za kwathu kuno zoti ophunzira aziwerenga, osati za kutali zokhazokha. Lero tiyeni tiyeze nkhani imene analemba Leroy Vail, katswiri wa mbiri yakale wa ku America amene anaphunzitsako ku Malawi ndi ku Zambia. Inatuluka m'caka ca 1976 m'magazini ya Journal of African History, ndipo mutu wake ndi "Mozambique's Chartered Companies: The Rule of the Feeble", kunena kuti ulamuliro wa makampani ofooka. Ife tikuti nkhaniyi ndi yothandiza, koma liu lakuti "ofooka" musapite nalo ku kalasi musanalitafune.

Poyamba tikumbutsane za kampaniyo. M'caka ca 1891 boma la Portugal, posowa ndalama zoyendetsera dziko limene linkati ndi lake, linabwereketsa dera lonse la pakati pa mitsinje ya Rovuma ndi Lúrio, kucokera ku nyanja yamcere kufika ku nyanja yathu ino, kwa Companhia do Niassa. Kampaniyo inayamba kulamulira mu 1894 ndipo inacoka mu 1929. Inali ndi asilikali ake, inkakhometsa msonkho wa nyumba, ndipo inalonjeza kumanga njanji yocokera ku gombe kudzafika ku nyanja kuno. Njanjiyo sinamangidwe.

Mfundo yaikulu ya Vail ndi yakuti makampani otere analibe cuma cokwanira, ndipo eni ake ankasamala za mtengo wa masheya kuposa kutukula dziko. Apa tikugwirizana naye. Kampani yopanda njanji, yopanda migodi, phindu ikalipeza kuti? Inalipeza m'thupi la anthu. Msonkho ndiwo unali munda wake. Kuyambira 1908, pamene masheya ambiri anagwa m'manja mwa anthu a cuma ca migodi ya ku South Africa, amuna ankatengedwa kupita ku Joni kudzera kwa Wenela, mpaka mu 1913 pamene boma la kumeneko linaletsa kulemba anchito ocokera kumpoto kuno cifukwa ankafa kwambiri m'migodi.

Tsono onani m'mene malonda anakumanirana ndi nkhondo. Mu 1898 Britain ndi Germany anapangana mwacinsinsi kuti Portugal ikadzalephera kubweza ngongole, adzagawana maiko ake a mu Africa, ndipo kumpoto kwa Mozambique kudzakhala kwa Ajeremani. Mu 1913 anakambirananso panganolo, ndipo m'zaka za 1913 ndi 1914 mabanki a ku Germany anagula masheya ambiri a kampani ija. Ndiye kuti Metangula, Messumba ndi Cobué zinali pa msika, eni midzi osadziwa. Nkhondo itabuka mu Ogasiti 1914, sitima ya Angerezi Gwendolen inaombera sitima ya Ajeremani Hermann von Wissmann pa doko la Liuli, pa nyanja yomwe ino. Masheya a Ajeremani aja Angerezi anawalanda. Mu Malichi 1916 Germany inalengeza nkhondo ndi Portugal, ndipo pa 25 Novembala 1917 von Lettow-Vorbeck anaoloka Rovuma pa Negomano ndi asilikali ake. Magulu onse a nkhondo ankafuna cakudya ndi amtengatenga, ndipo zonsezi zinacokera m'midzi.

Akulu amati cakudza siciimba ng'oma. Koma ici cinaimba ndithu, kungoti ng'omayo inkalira ku London, ku Berlin ndi ku Lisboa, kumene makutu a makolo athu sankafika. Komabe tisamaphunzitse bodza lakuti masheya ndiwo anabala nkhondo ya 1914. Nkhondoyo inayambira ku Ulaya pa zifukwa zake. Coona ndi cakuti dziko limene alendo ayamba kale kuliika pa mtengo silicedwa kusanduka bwalo lomenyerapo.

Nanga tikusiyana pati ndi Vail? Pali malo awiri. Poyamba ndi pa liu lija. Iye sanabise nkhanza za makampaniwa, ai. Koma kufooka kumene akunena ndi kwa m'mabuku a ndalama. Kwa mai amene anagwidwa cikole cifukwa mwamuna wake sanakhome msonkho, kampani sinali yofooka. Kwa Mataka, amene likulu lake la Mwembe linalandidwa mu 1912, sinali yofooka. Mabanja amene anasiya minda ndi manda a makolo nathawira ku Nyasaland ndi ku Tanganyika sanathawe cinthu copanda mphamvu. Fisi wopunduka saopsa mkango, koma mbuzi ya m'khola imamdziwa bwino. Wophunzira akangomva kuti "ofooka" angayambe kufunsa kuti, nanga agogo athu analekeranji kuwathamangitsa? Funso limenelo limanyozetsa anthu amene anapirira zambiri.

Kaciwiri, mbiri yotere imamangidwa ndi makalata a maboma ndi a makampani. M'makalatamo makolo athu amaoneka ngati ciwerengero ca nyumba zokhometsedwa msonkho. Simungamvemo kuti bwato linkanyamuka usiku wanji kupita ku Likoma, kapena kuti mudzi unkabisa kuti cinangwa asilikali akamayandikira. Uku si kulakwa kwa Vail yekha. Amene ankadziwa zimenezi sankalemba, ndipo olemba sanawafunse mokwanira.

Nkhaniyi si ya makedzana okha. Cabo Delgado, kumene nkhondo inayamba ku Mocímboa da Praia mu Okutobala 2017, linali dera la kampani yomweyo. Zigawenga zitaukira Palma mu Malichi 2021, kampani ya ku France ya Total inaimitsa nchito yake ya gasi, ndipo mu Julayi caka comweco asilikali a ku Rwanda anafika. Zifukwa za nkhondo imeneyo ndi zambiri, ndipo ife sitikuziphatikiza kukhala cimodzi. Koma munthu amene waphunzira za 1914 amadziwa kufunsa kuti pangano lasainidwa kuti, ndi yani, ndipo eni nthaka aliwerenga kodi.

Pempho lathu ndi ili. Pa bolodi lembani zaka zinai izi: 1891, 1913, 1917 ndi 1929, ophunzira aziwerenge ndi kuzikopera. Kenaka muwatume kwa agogo a m'mudzi akafunse zimene iwo anamva kwa makolo ao za msonkho, za Wenela ndi za kuthawira tsidya. Aliyense alembe mizere isanu yokha, m'Cinyanja ca kwao, mau asakonzedwe kuti amveke ngati a m'buku. Mizereyo muitumize kuno, tidzaisindikiza pa tsamba lino.