Subrata Mitra, Mmisiri wa Kuwala

Tikapita kukaonerera kanema timatama anthu amene aoneka pansalu paja, ndipo mwina timatamanso mkulu wotsogolera ntchito yonse. Koma alipo wina amene sitimuona, ndiye wojambula, mwini kamera. Iyeyu ndiye amasankha pogwera kuwala ndi potsala mdima. Mmodzi wa amisiri otere anali Subrata Mitra, wa mumzinda wa Calcutta m'dziko la India.

Mitra anayamba ndi zithunzi zosayenda. Pamene Jean Renoir wa ku France anadza ku India kudzakonza kanema wotchedwa The River, mnyamatayo ankakhala pambali, napenyetsetsa maikidwe a nyali, nalemba zimene anaona. Mu 1952 Satyajit Ray anamuitana kuti ajambule Pather Panchali, nkhani ya banja losauka la kumudzi, chinkana anali asanagwirepo kamera ya kanema. Kanemayo anatuluka mu 1955, ndipo mu 1956 analandira mphotho ku Cannes.

Nzeru zake zinaonekera bwino mu Aparajito, wa mu 1956. Nkhaniyo inafuna bwalo losafolera la m'kati mwa nyumba ya ku Benares, kumene kuwala kumangotsika kuchokera kumwamba. Poopa mvula, amisiri anamanga bwalolo m'nyumba yojambuliramo. Masiku amenewo ojambula ambiri ankalozetsa nyali pa munthu penipeni, kotero kuti mithunzi yake inkagwa iwiri kapena itatu pakhoma, chinthu chimene dzuwa silichita. Mitra anakana bodza limeneli. Anatambasula nsalu yoyera pamwamba pa bwalo, nalozetsa nyali kunsaluyo, ndipo kuwala kunabwerera pansi kofatsa, konga kwa tsiku la mitambo.

Ena anganene kuti zithunzi zotere sizikoma m'maso, popeza munthu apita ku kanema kuti akaiwale mavuto ake. Mawuwa ali ndi nzeru pang'ono. Koma taganizani za mayi wa m'nkhaniyi, amene mwamuna wake amwalira ku Benares komweko. Nkhope yake ikanawalitsidwa ngati ya mkwatibwi, kodi tikanalira naye? Iai, tikanadziwa msanga kuti ndi masewero chabe. Timumvera chisoni chifukwa kuwala kumene kuli pa iye n'komwe timakuona pakhomo pathu. Wojambula akanama ndi nyali, nkhani yoona isanduka yabodza.

Mitra anajambula makanema 10 a Ray, ndipo wotsiriza anali Nayak, wa mu 1966. Anagwiranso ntchito ndi James Ivory, ndipo atakalamba anaphunzitsa achinyamata ku Calcutta kufikira imfa yake mu 2001. Njira yake yobweza kuwala ndiyo atsata ojambula ambiri lero.

Tsono inu awerengi, mukadzaoneranso kanema, dzifunseni kuti, "Kodi kuwalaku kwachokera kuti?" Mukapeza kuti kukunga kwa pazenera, kwa moto kapena kwa thambo, dziwani kuti kuseri kwa kamera kunali mmisiri woopa bodza.