Mtengo wa pakompyuta ulibe zipsera

Mitengo yambiri ya m'mafilimu akuluakulu a masiku ano sinamerepo m'nthaka. Imapangidwa ndi mapulogalamu ngati SpeedTree, imene inagwira ntchito mu Avatar mu 2009 n'kudzalandira mphoto ya Academy ya zaumisiri mu 2015. Ganizo lake ndi lakale: mu 1968 Aristid Lindenmayer anaonetsa kuti kakulidwe ka chomera kangalembedwe ngati lamulo lobwerezabwereza, loti nthambi italike chonchi, igawikane, mphukira nazo zichite chimodzimodzi. Mmisiri amangosintha manambala, nkhalango n'kudzaza chithunzi.

Vuto ndi lakuti lamulo limadziwa mmene mtengo umakulira ukasiyidwa wokha, pomwe kuno ku Milange, ku Zambezia, mtengo susiyidwa. M'munsi mwa phiri la Tumbine, mpaka kumalire a Muloza, maonekedwe a mtengo amaumbidwa ndi anthu: chitsa chophuka nthambi zambiri pamene panadutsa nkhwangwa ya wootcha makala, khungwa losendedwa ndi wofuna luzi kapena mankhwala, tsinde lodetsedwa ndi moto wolusa wa m'chilimwe. Mango akaima okha pakati pa munda wa nandolo, wa kuno amadziwa kuti panali mudzi. Mitengo yachilengedwe ikawirira pamalo amodzi, pozungulira ponse pali polimidwa, amadziwa kuti ndi kumanda, ndipo amatsitsa mawu. Pulogalamu imamwaza mitengo potsata kutsetsereka kwa nthaka. Mwambo woletsa kudula kumanda siiudziwa. Luso la mmisiri, m'kuona kwanga, limayambira pomwepa, poika ndi dzanja zimene lamulo lasiya.

Ena angati mitengo ndi zakumbuyo chabe, maso a woonera ali pa wosewera. Koma zakumbuyozo ndi zimene zaphunzitsa dziko lonse kuti Africa ndi mlambe umodzi ndi mthethe wophwatalala, mpaka kuiwalitsa miombo, imene masamba ake atsopano amafiira mvula isanagwe. Ena angatinso mapulogalamuwa amalola kudulira nthambi ndi manja ndiponso kujambula tsinde lenileni n'kulilowetsa m'kompyuta. N'zoona, ndipo apa ndi pamene pagona nkhani: kuti tsinde la msuku wa ku Zambezia lilowemo, wina ayenera kufika ndi kamera, atsogozedwe ndi munthu wodziwa amene anadula nthambiyo ndi chimene anaidulira.