Za Wotchi Yosaloza Maola

Pakati pa mabuku a nthano amene Angerezi amawerengera ana awo lilipo lina lotchedwa Alice's Adventures in Wonderland, limene linasindikizidwa m'chaka cha 1865. Mlembi wake ndiye Lewis Carroll, dzina lake lenileni Charles Dodgson, mphunzitsi wa masamu pa sukulu yaikulu ya Christ Church, mumzinda wa Oxford. Ambiri amaliyesa buku la zopusa zokhazokha, loyenera kuseketsa ana basi. Ife sitivomereza chiweruzo chimenechi. Ndipo kuti owerenga athu aone chifukwa chake, titenga kanthu kamodzi ka m'bukumo, ndiko wotchi ya munthu wosoka zipewa, tikayese ngati muli nzeru kapena ayi.

Nkhani yake ili m'mutu wa 7. Mtsikana Alice, atalowa m'dziko la zodabwitsa podzera ku una, afika pa gome lalitali pansi pa mtengo, pamene Wosoka Zipewa, Kalulu ndi kambewa katulo alikumwa tiyi. Wosoka Zipewa atulutsa wotchi m'thumba, naigwedeza, naiika kukhutu, nafunsa tsiku la mwezi. Alice ayankha kuti ndi pa 4. Ndipo iye adandaula kuti wotchi yaphonya ndi masiku awiri, naimba Kalulu mlandu chifukwa anaithira batala ndi mpeni wodulira buledi, kotero kuti nyenyeswa zinalowa m'kati. Poisuzumira, Alice aona kuti iloza tsiku la mwezi, koma ola siiloza ayi.

Pamenepa wowerenga wofulumira aseka napitirira. Koma taonani yankho la mwini wotchi. Iye afunsa Alice ngati wotchi yake imaloza chaka. Mtsikanayo akana, nati palibe chifukwa, popeza chaka chikhala chomwecho nthawi yaitali. Ndipo Wosoka Zipewa ati ndimo momwe liliri ola kwa iye. Pakuti m'dziko lija Nthawi ndi munthu, ndipo awiriwa anayambana. Tsiku lina alikuimba pamaso pa Mfumukazi, iyo inakalipa kuti alikupha nthawi. Chiyambire pamenepo Nthawi inamkwiyira, nimuimitsira ola pa 6 koloko madzulo, ndiyo nyengo ya tiyi. Tsono wotchi idzalozeranji chinthu chosasuntha? Chipangizo choyesera chiyenera kuloza chimene chisintha. Ifenso timakhulupirira mthunzi wa mtengo chifukwa uyenda; ukanaima pamodzi, palibe akanauyang'ana kuti adziwe ngati dzuwa lapendeka.

Apa paoneka dzanja la mphunzitsi wa masamu. Ali mnyamata, Carroll analemba funso la mawotchi awiri: ina yoima, ina yotsalira mphindi imodzi tsiku lililonse. Yoimayo ilondola kawiri pa tsiku. Yoyendayo iyenera kutsalira maola 12, ndiwo mphindi 720, isanalondolenso, ndiko kuti ilondola kamodzi pa zaka pafupifupi ziwiri. Nanga yabwino ndi iti? Ndiponso iye anakhala m'masiku amene mizinda ya ku England inali ndi nthawi yakeyake, yoyesedwa ndi dzuwa, kufikira sitima za pamtunda zinafuna nthawi imodzi, ndipo lamulo la 1880 linakhazikitsa ya ku Greenwich. Oxford atsalira mphindi zisanu pambuyo pa Greenwich. Ndipo belu lalikulu la Christ Church, lotchedwa Great Tom, limalirabe ka 101 usiku uliwonse potsata nthawi yakale ya mzindawo. Munthu wokhala pansi pa belu lotere anadziwa kuti ola ndi pangano la anthu.

Koma wina adzatsutsa, nati: Ngati ola laima, masiku apita bwanji, kuti wotchi ikaphonye ndi awiri? Kodi mlembi sanadzikole yekha? Funsoli n'loyenera, koma ife tiyesa kuti pomwepa ndi pagona mbola ya nthanoyi. Kunja masiku alikupita, miyezi ilikutha. Pa gome pokha ndipo palibe chichitika. Atatuwo alibe mpata wotsuka mbale, popeza nthawi zonse ndi ya tiyi. Mbale zikada asendera ku mpando wina, nazungulira gome. Alice atafunsa chimene achita akafikanso poyambira, Kalulu atembenuza nkhani. Yankho alibe. Wotchi ija tsono iwerenga masiku amene mwini wake sanawagwiritse ntchito, ndipo ngakhale amenewo siwawerenga bwino. Sitidziwa chithunzi china choposa ichi cha munthu amene masiku amtha ali pa mpando umodzi, wonena kuti adzayamba ntchito phwando likatha. Akuluakulu anati zengerezu adalinda kwawukwawu.

Chilema chilipo, ndipo sitichibisa. Nthabwala zina za m'mutuwu zatsamira pa mawu a Chingerezi a matanthauzo awiri. Kupha nthawi kuja, kwa Mngerezi, kutanthauzanso kuimba kosatsata mayendedwe a nyimbo. M'chinenero chathu nthabwalayo ifota, ndipo mwana adzasowa wamkulu womumasulira. Koma wotchiyo siifuna womasulira. Aliyense amene anaonapo munda utamera thengo, mwini wake ali chikhalire pa bwalo, adzaizindikira.

Chifukwa chake titi kwa makolo ndi aphunzitsi: musalitaye bukuli poliyesa lachabe. Wopeka dziko losaoneka ayesedwa ndi ichi, ngati zinthu za m'dzikomo zimvera malamulo amene iye mwini anaika. Ndipo pa muyeso umenewu wotchi ya Carroll yapambana. Muwerengereni mwana mutu wa 7, mumlole aseke. Atatha kuseka mumfunse funso lija Kalulu analithawa, mumve chimene adzayankha.