Mlendo wa ku Kayelekera: Kusanthula Lipoti la ActionAid

Dziko losauka limene lili ndi chuma pansi pa nthaka limafanana ndi munthu amene ali ndi munda wachonde koma alibe khasu. Kukumba mgodi kumalira mpamba waukulu, makina ndi akatswiri, ndipo kawirikawiri zonsezi zimachokera kunja. N'chifukwa chake atsogoleri a maiko a mu Africa amayenda maulendo ataliatali kukakopa amalonda akunja kuti adzaike ndalama zawo kuno. Koma pali funso limene silimveka kwenikweni pa maulendo oterowo: mlendo akakumba, nagulitsa, natenga zake, mwini nthaka amatsala ndi chiyani? Mu 2015 bungwe la ActionAid lidatulutsa lipoti lotchedwa An Extractive Affair, limene lidayesa kuyankha funso limeneli pa nkhani ya mgodi wa Kayelekera m'boma la Karonga. Lipotili ndi loyenera kuliwerenga, komanso ndi loyenera kulisanthula mosakondera.

Tiyambe ndi mbiri ya mgodiwo. Mwala wa yureniyamu, umene umagwiritsidwa ntchito popanga magetsi, udapezeka ku Kayelekera m'zaka za m'ma 1980, koma udakhala wosakumbidwa kwa nthawi yaitali. Mtengo wake utakwera pa msika wa dziko lonse, kampani ya ku Australia yotchedwa Paladin idasainirana mgwirizano ndi boma la Malawi mu 2007, ndipo mgodi udatsegulidwa mu 2009. Boma lidalandira masheya 15 pa 100 alionse a mgodiwo. Posinthanitsa ndi masheyawo, lidapepuza misonkho. Lamulo linkati kampani yokumba mwala wotere izipereka 5 peresenti ya mtengo wa mwala umene yagulitsa. Paladin idaloledwa kupereka 1.5 peresenti pa zaka 3 zoyamba, kenaka 3 peresenti. Msonkho wa pa phindu udatsitsidwa kuchoka pa 30 kufika pa 27.5 peresenti. Boma lidalonjezanso kuti silidzasintha zimenezi kwa zaka 10. Mgwirizano wonsewo sudaonetsedwe kwa anthu wamba pamene unkasainidwa.

Lipoti la ActionAid likuti m'zaka 6 dziko la Malawi lidataya ndalama zoposa madola 43 miliyoni kudzera m'mipata iwiri. Mpata woyamba ndi kupepuza kwa msonkho wa pa mwala kuja, kumene akuti kudadya madola oposa 15 miliyoni. Mpata wachiwiri ndi wovutirapo kuumvetsa, ndipo apa ndi pamene lipotili lidagwira ntchito yotamandika. Kampani yaikulu ikafuna kutumiza ndalama kwa mwana wake amene ali m'dziko lina, ikhoza kumpatsa ngati mpamba kapena ngati ngongole. Ikampatsa ngati ngongole, mwanayo amabweza ndi chiwongoladzanja, ndipo amalipiranso malangizo a kayendetsedwe ka ntchito ochokera ku likulu. Lamulo la Malawi linkafuna kuti ndalama zotere zisanatuluke m'dziko, boma lizidulapo 15 peresenti. Koma panali pangano lakale la misonkho pakati pa Malawi ndi Netherlands limene linkachotsa msonkho umenewu. Malinga ndi lipotili, ndalama zoposa madola 180 miliyoni zidadzera ku kampani ina ya Paladin yolembetsedwa ku Netherlands, imene inalibe wantchito ndi mmodzi yemwe, zisanapitirire ku Australia. Motero boma lidaphonya madola oposa 27 miliyoni.

Ubwino waukulu wa lipotili ndi wakuti limatiphunzitsa kuwerenga mbali zonse ziwiri za buku la chuma. Wamalonda wakunja akabwera, nyuzipepala zimalengeza kuchuluka kwa ndalama zimene walowetsa, ndipo timaomba m'manja. Ndalama zotuluka sizikhala ndi mwambo wodula riboni. Zimatuluka mwakachetechete, zitavala maina aulemu monga chiwongoladzanja kapena malipiro a malangizo. Olemba lipotili adatsata mapazi a ndalamazo m'mabuku a makampani mpaka ku Ulaya, ndipo adavomereza poyera kuti m'zonsezi munalibe chophwanya lamulo. Kuvomereza kumeneku kumalimbitsa lipoti, pakuti kumaonetsa kuti vuto lili m'malamulo ndi m'mapangano enieniwo.

Komabe lipotili lili ndi zofooka zake, ndipo wophunzira wanzeru ayenera kuziona. Chofooka choyamba n'chakuti limawerengera ndalama zotayika ngati kuti mgodi ukadatsegulidwabe ngakhale misonkho ikadapanda kupepuzidwa. Paladin idatsutsa zimenezi, niti popanda kupepuzako ntchitoyo sikadapindulitsa ndipo sikadayambika. Wamalonda aliyense amayankhula motero pokambirana za mtengo, choncho sitiyenera kungomeza mawu akewo. Koma sitiyeneranso kuwataya osawayesa, ndipo lipotili silidawayese mokwanira. Chiwerengero cha 43 miliyoni chikuoneka cholimba papepala, pamene gawo lina la icho likutsamira pa chinthu chimene palibe angachitsimikize.

Chofooka chachiwiri n'chakuti lipotili silipereka malo okwanira ku chiopsezo chimene mwini mpamba amasenza. Mu 2007 mtengo wa yureniyamu udaposa madola 130 pa paundi imodzi. Mu Marichi 2011 kudachitika ngozi pa malo opangira magetsi a Fukushima ku Japan, maiko angapo adayamba kukayika za magetsi a mtundu umenewu, ndipo pofika pakati pa 2014 mtengo udatsika kufika pansi pa madola 30. Chaka chomwecho Paladin idaimitsa kukumba ku Kayelekera, anthu mazanamazana nachotsedwa ntchito. Mu 2017 kampaniyo idalephera kubweza ngongole zake kwawo ku Australia. Amene awerenga lipoti lokhali angaganize kuti mlendo adachoka matumba atadzaza, pamene zoona zake n'zakuti mgodiwo udamuwotcha manja.

Chofooka chachitatu chili m'njira yokopera mtima wa owerenga. Lipotili limasandutsa ndalama zotayikazo kukhala malipiro a aphunzitsi, anamwino ndi madokotala. Njira imeneyi imathandiza munthu kuona kukula kwa ndalamazo, koma imabisa funso lina: kodi zikadalowa m'thumba la boma zikadafikadi ku sukulu ndi ku chipatala? Mu 2013, mgodi uli mkati mogwira ntchito, kudaululika kubedwa kwa ndalama za boma ku Capital Hill, kumene kudatchuka ndi dzina loti Cashgate. Kutseka chibowo cha pa denga n'kofunika, koma nyumba imene ilibe chitseko imalowabe mphepo.

Pali phunziro limodzi limene limatuluka bwino pamene tiika zonena za ActionAid pambali pa zonena za kampani, ndipo ndilo lofunika koposa. Msonkho wa pa mwala umaperekedwa nthawi zonse pamene mwala wagulitsidwa, kaya kampani yapindula kaya yaluza. Masheya ndi msonkho wa pa phindu zimabala pokhapokha phindu likapezeka, ndipo kampani imene ili ndi ngongole yaikulu kwa kholo lake imachedwa kuonetsa phindu, chifukwa chiwongoladzanja chimayamba chachotsedwa. Tsono boma lidachepetsa chinthu chotsimikizika kuti lilandire chinthu chongoyembekezera. Mgodi utatsekedwa patangopita zaka 5, mwala wokwana pafupifupi mapaundi 11 miliyoni unali utachoka, ndipo mwala subwerera m'nthaka ngati mbewu. Makolo adati fodya wako ndi amene ali pamphuno, wapachala ngwamphepo. Mawu a kampani akuti idaluza, m'malo mofooketsa mfundo imeneyi, amailimbitsa: pa zaka zoluza, msonkho wa pa mwala ndiwo unali fodya wa pamphuno.

Nanga mlandu ngwayani? Mutu wa lipotili ndi mawu ake okopa amaloza chala kwa mlendo, ngakhale kuti mkati mwake limadzudzulanso kubisa mapangano. Koma wamalonda wakunja sabwera kudzachita zachifundo. Amasenza ndalama za anthu a kwawo amene akuyembekeza phindu, ndipo amapempha zonse zimene angapatsidwe. Kumbali ina ya tebulo kudakhala Amalawi, ndipo dzanja limene lidasaina linali lathu. Dziko la Botswana limatipatsa chitsanzo. Pamene lidakhazikitsa kampani yokumba dayamondi limodzi ndi De Beers mu 1969, boma lake linali ndi masheya 15 pa 100 alionse, monga ife. Litaona kulemera kwa migodiyo lidabwereranso pa tebulo, ndipo mu 1975 gawo lake lidafika pa 50. N'zoona kuti dayamondi wa ku Orapa anali wopindulitsa kwambiri kuposa yureniyamu wa ku Kayelekera, kotero kufanizaku kuli ndi malire. Komabe kukuonetsa kuti dziko laling'ono likhoza kukambirana mwamphamvu ngati lidziwa mtengo wa chimene lili nacho, ndiponso ngati silidzimanga manja pa tsiku loyamba.

Zimene zidatsata zikusonyeza kuti dziko lidatolapo nzeru. Pangano lakale lija la misonkho lidathetsedwa, ndipo mu 2015 Malawi ndi Netherlands adasainirana latsopano. Chaka chomwecho Malawi adalowa m'bungwe la EITI, limene limafuna kuti ndalama zochokera ku migodi zizilengezedwa poyera. Lamulo la migodi la 1981 lidalowedwa m'malo ndi latsopano mu 2019. Mu 2020 Paladin idagulitsa gawo lake la mgodi, ndipo kampani ina ya ku Australia, Lotus Resources, ndiyo idatenga ntchitoyo. Mu mgwirizano umene boma lidasainirana ndi Lotus mu 2024, msonkho wa pa mwala udabwerera pa 5 peresenti. Sitinganene kuti lipoti la ActionAid ndilo lidabweretsa zonsezi, pakuti zina zidayamba lisanatuluke, koma lidathandiza kuti nkhani ya misonkho ya migodi ichoke m'maofesi n'kufika m'makutu mwa anthu.

Tikaika zonse pa sikelo, An Extractive Affair ndi lipoti lamphamvu poonetsa njira zimene ndalama zimatulukira, koma lopepuka poyesa zimene zikadachitika pakadapanda kupepuza misonkho. Liwerengedwe monga umboni wa mbali imodzi pa bwalo la milandu, umboni wabwino koma wofuna kufunsidwa mafunso. Dziko lathu lidzafunabe mpamba wakunja, chifukwa ndalama zimene tokha timasunga sizikwanira kutsegula migodi ndi mafakitale. Ena mwa inu amene mukuwerenga nkhaniyi mudzakhala maloya, akatswiri owerengera chuma kapena aphungu a Nyumba ya Malamulo, ndipo tsiku lina pepala lotere lidzaikidwa patsogolo panu. Musanagwire cholembera mudzafunse mafunso atatu: dziko lidzalandira chiyani pa chaka chimene kampani yaluza, ndalama zidzadzera m'maiko ati potuluka, ndipo pepalali lidzawerengedwa ndi yani kupatula amene ali m'chipindamo? Chimene chimatsala m'dziko chimalembedwa papepala khasu loyamba lisanakhudze nthaka.