Kamera ya atsamunda inkadziwa kuyala mulu

Anzanga, ine ndimagulitsa manachesi kuno ku Mwanza, ndiye za kayalidwe ka mulu musandiuze: okongola pamwamba, ofota pansi. Makanema a Colonial Film Unit, yomwe boma la Britain linakhazikitsa mu 1939 nkhondo itangoyamba, anayalidwa chimodzimodzi. Mukawaonera pa intaneti mupeza asilikali akuda akuguba mwadongosolo, yunifolomu ili mbee. Koma anyamata athu a KAR ali ku Burma mu 1944, kumudzi ankalima ndani? Mayi wotsala ndi khasu ndi ana, ine sindinamuonemo. Sindikuti musaonere ayi. Nkhope za azigogo athu zilimo, ndipo kwina simungazipeze. Kungoti poonera muzichita ngati kasitomala wochenjera uja: vundukulani mulu, muone zapansi.